Fania: kampani ya nyimbo imene inayambila m'buti ya motoka

Kwelani minibasi yopita ku Matero kapena ku Chawama pa Cisanu madzulo, mumvetsele cimene dilaiva waika. Ngati si nyimbo za kuchalichi, ni rhumba. Pitani ku ukwati, muone amdala amene akhala phee kuyambila m'mawa: gitala ya ba Franco ikangolila, amavula jekete n'kuloŵa pakati. Rhumba tinailandila kale-kale, ndipo ambili a ife timaganiza kuti inabadwila ku Kinshasa basi. Koma ili ndi abale kutsidya kwa nyanja yaikulu, ndipo mmodzi wa abalewo amachedwa salsa.

Lelo tikambe za kampani imene inalela salsa, Fania Records ya ku New York. Nkhani yake ni yokoma, koma ili ndi mbali yoŵaŵa. Mnyamata aliyense amene ali ndi situdiyo m'cipinda cogona kukomboni afunika kuimva asanasaine pepala la munthu.

Woliza citolilo ndi loya

Johnny Pacheco anabadwa mu 1935 ku Santiago de los Caballeros, m'dziko la Dominican Republic, ndipo anafika ku New York ali ndi zaka 11. Anakula n'kukhala katswili wa citolilo. Pofika mu 1960 anali ndi bandi yake, ndipo rekodi yake yoyamba, imene inatuluka ku kampani ya Alegre, inagulidwa maningi. Anthu anali kuvina, dzina linali kumveka, koma ndalama zofika m'thumba mwake sizinamukondweletse.

Nthawi imeneyo cikwati cake cinali kutha, conco anafuna loya. Anapeza Jerry Masucci, mwana wa ku Brooklyn wa makolo a mtundu wa ku Italy, amene anali wapolisi asanaphunzile zamalamulo. Masucci anakhalako ku Havana ndipo nyimbo za ku Cuba zinamuloŵa m'magazi. Mlandu wa cikwati unatha, koma aŵiliwo sanasiyane. Mu 1964 anasonkha tundalama n'kutsegula kampani yawo.

Dzina analitenga ku nyimbo yakale ya ku Cuba yochedwa "Fanía", imene Pacheco anaijambulanso pa rekodi yoyamba ya kampaniyo, Cañonazo. Rekodiyo anaipatsa nambala 325, kutanthauza March 25, tsiku lobadwa la Pacheco. Motoka zonyamula katundu analibe. Marekodi anali kuwalonga m'buti ya motoka ya Pacheco n'kumazungulila nawo tumashopu twa ku Spanish Harlem ndi ku Bronx. Amene anagulitsako ma CD pa City Market kapena pa Kulima Tower adziŵa bizinesi ya mtundu uwu: usiya katundu lelo, ndalama ukatenge mlungu wamaŵa ngati mwini shopu wagulitsa.

Makomboni a ku New York

Kuti timvetse cifukwa cake ka kampani aka kanakula msanga, tiyambe taona amene anali kugula. Anthu a ku cisumbu ca Puerto Rico ni nzika za America kuyambila mu 1917, ndipo nkhondo yaciŵili ya dziko lonse itatha anakhamukila ku New York kukafuna nchito m'mafakitale, maka-maka osoka zovala. Anaunjikana ku East Harlem, kumene iwo amati El Barrio, ndi ku South Bronx. Nyumba zinali zakutha, lendi yovuta, nchito yosadalilika, mankhwala osokoneza bongo ali mbwee m'miseu. Mwacidule, anali makomboni, kungoti a nyumba zosanja.

Makolo awo anali kuvina mambo ndi chachachá, nyimbo zocokela ku Cuba. Koma Fidel Castro atatenga boma mu 1959, America inadula ubale ndi Cuba n'kutseka malonda. Nyimbo zatsopano za ku Havana zinaleka kufika. Mu 1966 holo yaikulu ya mambo ku New York, Palladium, inatsekedwa. Ana obadwila mu tauni anali kukamba Cingelezi kusukulu, Cisipanishi kunyumba, ndipo makutu awo anali ku nyimbo za soul ndi rock. Anafuna nyimbo yawo-yawo, yonunkhila kumudzi koma yokamba za mu mseu umene akhalamo. Apa ndiye pamene Fania inaloŵela.

Maziko anakhalabe a ku Cuba, maka-maka nyimbo yochedwa son. Mtima wake ni clave, tumitengo tuŵili togogodana kasanu, katatu kenako kaŵili, kapena kaŵili kenako katatu. Piyano, besi, ng'oma za conga ndi malipenga, zonse zimatsatila tumitengo utu. Cakumapeto kwa nyimbo woimba amatsogola, gulu n'kumayankha, monga mmene timacitila ise pa malilo kapena pa cinamwali. Anyamata a ku New York anaonjezapo ukali: malipenga a trombone olila mwaphokoso, kamvekedwe ka jazz, ndi mau okamba za ndende, njala, nsanje ndi kunyadila mtundu wako.

Dzina lakuti salsa litanthauza supu yothila pa cakudya. Fania sindiyo inayambitsa liwuli, koma ndiyo inaligulitsa, mothandizidwa ndi Izzy Sanabria amene anali kujambula zikuto za marekodi ndi kuitana oimba pa siteji. Akulu ena sanalikonde. Tito Puente anali kukonda kukamba kuti salsa ni ya pambale, iye aliza nyimbo za ku Cuba. Koma pa malonda dzina limodzi linathandiza: wogula sanafunikenso kusiyanitsa son, guaracha, guaguancó kapena bomba. Anali kungofunsa salsa.

Anyamata a mu mseu

Pacheco anali ndi khutu losankha anthu. Anatenga Larry Harlow, Myuda wa ku Brooklyn amene anapita kukaphunzila nyimbo ku Havana. Anatenga Bobby Valentín, ndi Ray Barretto katswili wa conga. Ndiyeno anatenga kamnyamata ka ku Bronx koliza trombone, Willie Colón, amene akatswili akale anali kumuseka kuti bandi yake ni ya ana ndipo iliza zokhota. Pacheco anamugwilizanitsa ndi woimba wocokela ku Ponce, ku Puerto Rico, dzina lake Héctor Lavoe. Rekodi yawo yoyamba, El Malo, inatuluka mu 1967, Colón ali ndi zaka 17 cabe.

Aŵiliwa anadzipanga ngati zigaŵenga za m'mafilimu. Cikuto ca rekodi ya La Gran Fuga cinapangidwa ngati cikwangwani ca apolisi cofuna munthu wothaŵa, mpaka a FBI anadandaula ndipo cinasinthidwa. Nyimbo yawo ya mu 1969, "Che Che Colé", inatengela kanyimbo ka maseŵela a ana a ku Ghana. Mau a Lavoe anali a munthu wa mu mseu, wanthabwala, wotha kupeka mizele pomwepo pa siteji. Anachukanso ndi kucedwa ku mashoo, koma anthu anali kumuyembekezabe.

Nyimbo zambili zimene oimba a Fania anachuka nazo zinalembedwa ndi Tite Curet Alonso, munthu amene anagwila nchito ku positi ofesi ku Puerto Rico kwa zaka zambili. Ndiye analemba "Anacaona" ya Cheo Feliciano ndi "Periódico de Ayer" ya Lavoe. Usana kusankha makalata, usiku kulemba nyimbo zovinidwa m'maiko onse okamba Cisipanishi.

Nzelu yaikulu ya Masucci ndi Pacheco inali yosonkhanitsa atsogoleli a mabandi onse a kampaniyo m'gulu limodzi, Fania All-Stars. Anayesa koyamba mu 1968 m'kakilabu kochedwa Red Garter. Pa August 26, 1971 anadzaza kilabu ya Cheetah, ndipo usikuwo unajambulidwa n'kukhala filimu ya Our Latin Thing, yopangidwa ndi Leon Gast. Filimuyo inayenda ku Puerto Rico, Panama, Venezuela ndi Colombia, ndipo anthu a m'makomboni a kumeneko anadziona okha pa sikilini.

Mu August 1973 Masucci anacita lendi Yankee Stadium, bwalo lalikulu la maseŵela a baseball. Ambili anati wapenga. Kunabwela anthu opitilila 40,000, ndipo pakati pa alendo oimba panali Manu Dibango wa ku Cameroon. Shoo sinafike kumapeto: pamene Ray Barretto ndi Mongo Santamaría anali kupikisana pa ng'oma, anthu analumpha mipanda n'kuthamangila ku siteji, ndipo zonse zinaimitsidwa. Komabe uthenga unamveka, wakuti nyimbo ya anthu osoka zovala ndi otsuka mbale ikhoza kudzaza sitediyamu.

Ulendo wa ku Kinshasa

Apa ndiye pamene nkhaniyi ikumana ndi rhumba yathu. Mwa Aafilika amene anatengedwa ukapolo kupita ku Cuba, ambili anacokela ku dela la Kongo, ndipo ukapolo kumeneko unatha mocedwa, mu 1886. Ng'oma, kavinidwe ndi kuimba koyankhana anapita nazo. Kuyambila mu 1933, kampani ya ku Britain ya His Master's Voice inayamba kutumiza ku Africa marekodi a nyimbo za ku Cuba okhala ndi zilembo GV. Yoyamba inali "El Manisero". Ku Léopoldville ndi ku Brazzaville anthu anawalandila ngati mwana wobwelela kwawo. Oimba anayamba kutengela, poyamba m'Cisipanishi congopeka, pambuyo pake m'Cilingala, ndipo zimene piyano ndi malipenga zinali kucita anazisamutsila pa gitala. Bandi ya African Jazz ya Joseph Kabasele inayamba mu 1953, OK Jazz ya ba Franco mu 1956. Kucokela kumeneko rhumba inadutsa malile n'kufika ku Copperbelt ndi kuno ku Lusaka.

Conco salsa ndi rhumba ni ana a mimba imodzi: wina anakulila ku New York, wina ku Kinshasa. Anakumana maso ndi maso mu September 1974. Mobutu anali atalandila nkhonya ya Muhammad Ali ndi George Foreman, ndipo Hugh Masekela ndi Stewart Levine anakonza cikondwelelo ca nyimbo ca masiku atatu cochedwa Zaire 74, pa Stade du 20 Mai. Foreman anavulala pamwamba pa diso pokonzekela, nkhonya inakankhidwila ku October 30, koma nyimbo zinacitika ndithu pa September 22 mpaka 24. Kunali James Brown, B.B. King, Bill Withers, Miriam Makeba, Franco ndi Tabu Ley. Kunalinso Fania All-Stars, motsogoleledwa ndi Pacheco, pamodzi ndi Celia Cruz.

Amai aŵa anacoka ku Cuba mu 1960 ndipo boma la Castro silinawalole kubwelela, ngakhale pa malilo a amai awo owabala. Caka comweco ca 1974 anali atangotulutsa rekodi ya Celia & Johnny, mmene muli nyimbo ya "Quimbara". Ku Kinshasa anaimba "Quimbara" ndi "Guantanamera", ndipo anthu a kumeneko sanafunikile womasulila, cifukwa kamvekedwe ako anakula nako. Amene afuna kuona angafunefune filimu ya Soul Power ya mu 2008. Muli cigawo ca m'ndeke, oimba a Fania ali kuliza ndi kuimba m'mwamba-mwamba ulendo wopita ku Zaire.

Ndalama zinapita kuti?

M'zaka za m'ma 1970 Fania inameza makampani anzake: Tico, Alegre, Cotique ndi Inca. Woimba salsa ku New York analibe kwina kweni-kweni kopita. M'kupita kwa nthawi Masucci anagula gawo la Pacheco n'kukhala mwini yekha.

Manje apa mvetselani bwino, cifukwa ndiye pagona nkhani. Nyimbo iliyonse yojambulidwa ili ndi cuma ca mitundu iŵili. Coyamba ni nyimbo yeniyeniyo, mau ndi maimbidwe ake, cimene ni ca wolemba. Caciŵili ni cojambulidwaco, tepi yoyambilila imene amati master, kumene makope onse amacokela. Ku Fania, kampani inali kusunga ma master, ndipo kaŵili-kaŵili inali kutenganso ulamulilo pa nyimbo zolembedwazo kupyolela m'nthambi yake yofalitsa nyimbo. Oliza zoimbila anali kulipidwa pa tsiku lojambula, basi kwatha. Oimba ochuka anali kudalila mashoo, ndipo ambili, kuphatikizapo Larry Harlow, anadandaula poyela kuti ndalama za malonda a marekodi sizinali kuwafika monga ziyenela.

Amene analimbana nazo mwamphamvu ni Rubén Blades wa ku Panama. Uyu anali ataphunzila kale zamalamulo kwawo, koma atafika ku New York mu 1974 anavomela nchito yosamala makalata mu ofesi ya Fania, kuti angokhala pafupi ndi situdiyo. Mu 1978 iye ndi Willie Colón anatulutsa Siembra, rekodi imene kwa zaka zambili inali yogulidwa kuposa ina iliyonse ya salsa. Mmenemo muli "Pedro Navaja", nkhani ya cigaŵenga ca mpeni ndi mkazi wa mu mseu amene akumana usiku, nyimbo yopitilila maminiti 7, yaitali kuposa zimene mawailesi anazoloŵela. Anthu anaikonda conco. Koma Blades ataŵelengela zimene analandila, sanakhutile. M'zaka za m'ma 1980 anacoka, anapita ku kampani ya Elektra, ndipo anatengela Fania ku khoti pofuna ndalama ndi ufulu pa nyimbo zimene analemba. Pambuyo pake anaphunzilanso zamalamulo ku Harvard, anaimila upulezidenti wa Panama mu 1994, ndipo anakhala nduna ya zokopa alendo kuyambila 2004 mpaka 2009.

Héctor Lavoe njila yake inali ina. Nyimbo imene adziŵika nayo kwambili, "El Cantante" ya mu 1978, inalembedwa ndi Blades, ndipo ikamba za woimba amene asangalatsa anthu pamene iye mkati alila. Inakhala mbili ya moyo wake. Mankhwala osokoneza bongo anamugwila ali wacicepele. Mu 1987 mwana wake wamwamuna anafa ndi mfuti mwangozi. Mu 1988 Lavoe anagwa kucokela pa nyumba yosanja ya hotela ku Puerto Rico, anapulumuka koma thanzi silinabwelele. Anamwalila pa June 29, 1993 ndi matenda obwela cifukwa ca AIDS, ali ndi zaka 46, alibe cuma colingana ndi dzina lake. Sitinganene kuti kampani ndiyo inamupha, iyayi. Koma mau ake anapitiliza kupanga ndalama iye ali pa bedi la cipatala, ndipo apanga mpaka lelo.

Tikambenso cilungamo: popanda kulimba mtima kwa Masucci pa bizinesi, mwina anyamata aja akanathela m'tumakilabu twa ku Bronx. Kampani inaika ndalama m'situdiyo, m'mafilimu, m'maulendo a ku Japan, ku Africa, ngakhale ku Havana komwe mu 1979. Vuto silinali lakuti kampani inadya. Vuto linali lakuti pogaŵa, amene analemba kontrakiti anali loya, ndipo amene anasaina anali mnyamata wofulumila kumva mau ake pa wailesi.

Kugwa ndi kuuka

M'zaka za m'ma 1980 mphepo inasintha. Acinyamata anatembenukila ku merengue ya ku Dominican Republic ndi ku salsa yofeŵa ya cikondi. Oimba akulu anabalalika. Masucci anasamukila ku Argentina, ndipo anamwalila ku Buenos Aires mu 1997. Celia Cruz ndi Tite Curet Alonso anamwalila mu 2003, Pacheco mu February 2021.

Koma matepi sanafe. Mu 2005 kampani ya ku Miami yochedwa Emusica inagula katundu wa Fania, ndipo matepi oyambilila anapezeka ataunjikidwa m'nyumba yosungila katundu ku Hudson, m'cigawo ca New York. Anawayeletsa n'kuyamba kuwatulutsanso. Pambuyo pake katunduyo anapita ku Código, ndipo mu 2018 anagulidwa ndi Concord: zojambulidwa pafupifupi 19,000 ndi nyimbo zolembedwa pafupifupi 8,000. Caka comweco Cardi B, mwana wa ku Bronx, anafika pa nambala wani ku America ndi "I Like It", imene inamangidwa pa nyimbo ya Pete Rodríguez ya mu 1967, yocokela m'nkhokwe ya Alegre imene Fania inameza. Nyimbo ya zaka 51 inadzukanso n'kuyamba kubala ndalama, ndipo mwini tepi ndiye anali woyamba kutambasula dzanja.

Kwa ise kuno

Nkhani iyi si yacilendo kwa ise. M'zaka zomwezo za m'ma 1970, pamene ba Kaunda analamula kuti wailesi izikonda nyimbo za m'dziko muno, Teal Record Company ndi Zambia Music Parlour anali kutulutsa WITCH, Ngozi Family, Amanaz ndi ba Rikki Ililonga. Cuma ca dziko citagwa, marekodi analeka kupangidwa, oimba ambili anamwalila, ndipo ba Jagari Chanda a WITCH anakagwila nchito ku migodi ya miyala ya mtengo wapatali. Patapita zaka zambili kampani ya ku Los Angeles, Now-Again, inayamba kutulutsanso Zamrock, ndipo mu 2024 Tyler, the Creator anatenga cigawo ca "Nizakupanga Ngozi" ya ba Paul Ngozi n'kuika m'nyimbo yake ya "Noid". Zimene ena anaziona ngati zinyalala za m'sitolo zinakhala cuma cofunidwa kunja.

Conco iwe mwana wanga amene ujambula ndi laputopu ku Kanyama kapena ku Mtendere, tenga phunzilo kwa Blades. Funsa kuti master idzakhala ya ndani, ndipo kwa zaka zingati. Funsa kuti dzina la wolemba nyimbo lilembedwa bwanji, ndipo pa kwaca iliyonse yobwela iwe udzatengapo zingati. Lembetsa nyimbo zako ku ZAMCOPS. Sunga mafailo ako oyambilila pa malo aŵili, osati m'kompyuta ya produsa cabe. Pepala ukapatsidwa, pita nalo kunyumba, ugone nalo, umuonetse munthu wodziŵa malamulo. Wokufulumiza kusaina ali ndi cifukwa cake.

Ndipo inu amdala a rhumba, mukapeza mpata uzani mdzukulu akuikileni "Quimbara" pa foni. Mvetselani besi ndi ng'oma, muŵelenge tumitengo tuja, katatu ndi kaŵili. Miyendo idzadziŵa yokha cocita.